Malalanje Potsikira Njovu

Mchenga unkauluka kuchokera m'dzenje, fosholo imodzi imodzi, koma mwini fosholoyo sankaoneka. Eneless anatula ndowa yake yopanda kanthu pambali, nasuzumira. Pansi penipeni panali mlongo wake Meshack, ali chiweramire, malaya atavula, chipewa chachikasu cha kumgodi chili kumutu.

"Iwe Meshack, wampeza kopa?"

"Choka apo, ukundigwetsera mchenga m'maso."

"Ukampeza utigawireko. Tidzamuphika, tidzamwa msuzi wake."

Meshack anawongoka, natapa mchenga wa pansipo n'kuufinya m'dzanja. Atatambasula zala, wonse unayoyoka ngati mchere. Anagwiranso fosholo ija, naiponda ndi mphamvu, ndipo inalira kuti ngwee! Anali atafika pathanthwe.

Chinali chaka cha 1995, Okutobala akupita kumapeto, ndipo mtsinje wa Kalonje, kuno kwa Chikwa, unali utasanduka msewu wa mchenga woyera. Kuuma kokhako sinali nkhani, chifukwa mtsinjewu umauma chaka ndi chaka. Madzi ankangobisala pansi pa mchenga, amayi n'kumafukula ndi mbale, kudikira pang'ono, madzi n'kubwera okha. Koma chaka chimenechi madzi anathawira kumene ankadziwa eni ake. Anthu anakumba apa, anakumba apo, mpaka mtsinje wonse unangoti maenje okhaokha ngati munda wa mbatata mwadutsa nguluwe. Meshack, pokhala munthu woti anakhala zaka pansi pa nthaka ku Kopala, kumigodi ya kopa, anauza anthu kuti apatuke awaonetse kukumba kwenikweni. Anakumba dzenje lowongoka bwino, nachirikiza makoma ake ndi mitengo ya tsanya, lokongola ndithu, loti munthu n'kuitana alendo kudzaona. Madzi okha ndi amene munalibe.

Anatuluka m'dzenjemo nakhala pamulu wa mchenga. Mpweya unkavinavina pamwamba pa mtsinje, ndipo kutali kumtunda kunkaoneka ngati kuli dziwe lalikulu lonyezimira, ngakhale aliyense ankadziwa kuti kulibe kanthu. Nyenje zinali zikulira mosalekeza mpaka munthu kuiwala kuti ukuzimva.

"Madzi alimo mumtsinje muno," anatero Eneless, akukhala pafupi naye. "Sanapite ku Malawi. Koma odziwa pokumba unawatsekera kunja ndiwe."

"Wayambanso."

"Sindinayambe, ndikupitiriza. Madzi saiwala khwawa, m'bale wanga, ndipo njovu siiwala madzi."

Maso a Meshack anali pagombe, pamene panali chinthu chimodzi chokha chobiriwira m'dziko lonse lofiiralo. Unali munda wake wa malalanje.

Za malalanjewa muyenera kuzimva, apo ayi mudzamuyesa wamisala. Ku Kopala, Meshack akatuluka mumgodi, ankadutsa pafupi ndi mpanda wa nyumba ina ya akuluakulu. Mkati mwake munali mitengo ya malalanje, ndipo ikachita maluwa fungo lake linkatulukira kumsewu. Munthu wochokera kumdima, fumbi lili thoo m'mphuno, ankaima pamenepo ngati wamangidwa miyendo. Mawa lake ali pansi, chibowolero chikunjenjemera m'manja, ankatsinzina n'kumaona mitengo yoteroyo ili ndandanda m'mbali mwa Kalonje, kwawo. Ntchito itatha mu 1992, anzake anabwerera kumudzi ndi mawailesi ndi makina osokera. Meshack anabwera ndi mkazi wake Dorcas, matiresi amodzi, ndi mbande za malalanje zomezanitsa, zili m'zitini za mkaka. Pa lole, msewu wonse wa Lundazi, zitinizo zinali pamiyendo pake, ndipo Dorcas amanena mpaka lero kuti iye ndi amene anakhalira katundu.

Tsono magombe a Kalonje ndi maphompho, aatali kuposa nyumba, odzaza mauna a timbalame tofiira. Pali malo amodzi okha pamene gombe limatsetsereka bwinobwino mpaka kumchenga, ndipo dothi la pamenepo ndi lakuda bii, lofewa ngati la m'khola. Anthu amapatcha Potsikira Njovu. Dothilo linada ndi ndowe za njovu kuyambira kale makolo asanabadwe. Palibe amene analimapo, ndiponso palibe amene analetsa kulimapo, monga palibe amene amaletsa munthu kuyala mphasa pakati pa msewu. Chaka chikakhala choipa, njovu zinkatsikira pamenepo madzulo, n'kuyenda pamchenga zikununkhiza, ndipo pamene zaima n'kukumba ndi pamene pali madzi. M'mawa amayi ankangotsata mapazi, n'kutunga. Masana ankabwera anyani ndi nswala. Chitsime chinali chimodzi, aliyense ndi nthawi yake.

Meshack ankazidziwa zonsezi, anakulira konkuno. Koma pobwerera anapeza kuti mfuti za osaka minyanga zinali zitapulula njovu, n'kungotsala kagulu kamodzi kamantha. Iye anaona dothi lokha. "Njovu zake ziti?" anatero. Anabzala mbande zake, nazinga malowo ndi mpanda wa minga ya kankhande kuchokera kuphompho ili kufika kuphompho ilo. Anapachika chitsulo cha gudumu la galimoto pamtengo, ndipo kagulu kaja kakayandikira ankachimenya, n'kufukiza ndowe zosakaniza ndi tsabola. Njovu zinabwerera. Zaka zimenezo madzi anali pafupi, choncho anthu anangoseka, ena n'kumuyamikira kuti mwana wa ku Kopala wabwera ndi nzeru. Mitengo inakula mpaka kumufika pachifuwa, ndipo chaka chino, chaka cha chilala, ndi pamene inasankha kuchita maluwa ake oyamba.

Tsiku lomwelo dzuwa litapendeka pang'ono, Dorcas anamupeza m'mundamo. Meshack anali atagwada patsinde pa mtengo, kapu ili m'manja, akuthira madzi pang'onopang'ono ngati akumwetsa wodwala. Chigubu chinali pambali pake.

"Bashi Chanda!"

Umu ndi mmene Dorcas ankamuitanira mwamuna wake, mwa Chibemba cha kwawo, kutanthauza bambo a Chanda, khanda lawo lalikazi limene linali kumsana. Meshack anadzidzimuka, madzi ena n'kutayikira pabondo.

"Ni madzi ati amene muthira?"

"Pang'ono chabe, mayi. Kapu imodzi pamtengo."

"Nafunsa kuti ni madzi ati. Si aja nabwera nawo ine? Nauka nkhuku zikalibe kutsika, nayenda mpaka kuthamanda la ku Luangwa, nabwera dzuwa lili pamutu, mwana alira kumsana. Manje imwe mupatsa mitengo?"

"Ikangopirira mpaka mvula, basi. Tanunkhizani, a Dorcas. Mwamva fungo?"

Dorcas analimva fungolo, sakanachitira mwina, linali ponseponse. Linamukumbutsa misewu ya ku Kopala, mipopi yotuluka madzi ukangopotokola, ndi amayi ake akuchapa pakhonde madzi n'kumayenderera pabwalo popanda wowadandaula. Zimenezi zinangomuwonjezera mkwiyo.

"Fungo sitimwa. Kumtsinje azimayi anditcha mkazi wa mwini mpanda. Nikafika, nkhani zimatha. Muganiza n'chifukwa cha chani?"

"Ndi nsanje chabe."

"Nsanje ya chani, mwe? Ya masamba?"

Ananyamula chigubu chija n'kuchiika pamutu, nabwerera kunyumba osatembenuka. Meshack anatsala ndi kapu m'manja. Njuchi zinali zitazinga padothi ponyowapo, zikumwa mwakachetechete, ndipo iye anakhala pansi pamthunzi wochepawo n'kumaziyang'ana. Kutentha kunamulemeretsa zikope. Anaona mitengo ija itakula, nthambi zitakumana pamwamba, pansi pake pali mdima wozizira. Anaona Chanda ali mtsikana wa yunifomu ya sukulu, akutola malalanje ogwa okha n'kumaika m'chitenje. Anadziona yekha ali panjinga, madengu awiri kumbuyo, akulowa pa boma la Chama, aphunzitsi ndi anamwino akumukodola kuti aime. Malalanjewo anali achikasu kwambiri moti ankawala m'fumbi la mumsewu.

"Mulamu, mwafa kapena mwagona?"

Anali Hosea, mwamuna wa Eneless, atatsamira njinga yake kunja kwa mpanda. Hosea anali sikauti, mmodzi wa amuna a m'midzi amene anapatsidwa yunifomu yobiriwira kuti azilondera nyama za kutchire. Yunifomuyo inali itayera m'mapewa ndi mchere wa thukuta.

"Ngati mwafa nenani, nitenge njinga yanu ikalibe kulowa m'manja mwa achibale."

"Mkamwini salowa chuma cha eni mudzi," anatero Meshack, akupukuta kumaso. "Akutumani a Eneless?"

"Awe. A Eneless akanituma amanipatsa mawu ambiri, sinikanakwanitsa kukwera nawo njinga. Nabwera nekha. Tiyeni mukaone chinthu."

Anayenda pang'ono kuseri kwa munda, nakwera pachulu chachikulu. Kuchokera pamenepo tchire la tsanya linkaoneka lonse, mitengo yopanda tsamba ndi limodzi lomwe, itaima m'dothi lotuwa mpaka kumene maso amalekezera. Hosea analoza ndi mlomo. Poyamba Meshack sanaone kanthu. Kenako zimene ankaziyesa zulu zinagwedeza makutu.

Zinali njovu, zitaima chete pakati pa mitengo. Mpweya wotentha unkadula miyendo yake, moti zinkaoneka ngati zikuyandama pamwamba pa nthaka. Zinali zowonda, chikopa chikulendewera m'nthiti ngati bulangete lakale. Yaikazi yaikulu, yothyoka nyanga imodzi, inali patsogolo. Inatukula chitamba n'kuchilozetsa kumtsinje, nichisiya m'mwamba nthawi yaitali, nsonga yake ikutembenuka pang'onopang'ono.

"Tsiku lililonse nthawi ino zimafika apa," anatero Hosea motsitsa mawu. "Ziima, zinunkhiza, zibwerera. Kuphompho sizingatsike, ana angathyoke miyendo. Manje zimayenda mpaka ku Luangwa, ndipo njira ya kumeneko yadzaza mawaya a misampha. Timachotsa lero, mawa atchera ena. Mwaona kamwana ako kali kumbuyo?"

Meshack anakaona. Chitamba chake chinali chachifupi, chodukira pakati.

"Waya. Kamamwa chogwada, ndi pakamwa, monga mbuzi. Kanali ndi kanzake, koma sinikukaona sabata ino."

Njovu yaikulu ija inatsitsa chitamba, nitembenuka, zinzake n'kutsatira. Sizinachite phokoso ngakhale pang'ono. Zinangolowa m'fumbi lofiira la madzulo n'kusungunuka.

"Ndikatsegula kanjira pakati," anatero Meshack, "kongokwana kudutsa, sizingadutse chabe?"

Hosea anaseka, koma osati mokondwa. "Mulamu, njovu na lalanje? Muike mwana wa njala pakati pa nthochi zakupsa, mumuuze kuti adutse chabe. Sininganame kwa imwe. Zikalowa umo, sizisiya kanthu."

"Nanga kuzula mitengo, ndikaibzale kwina?"

"Mwezi uno? Mukudziwa mwekha."

Meshack ankadziwadi. Mizu inali itapita pansi, ndipo mtengo wozulidwa mu Okutobala sufika ndi madzulo omwe.

"Ndipo mwina sizipeza n'komwe madzi," anatero, mawu akukwera. "Mwina ndigwetsa mpanda, zidye mitengo yanga, zikanunkhize mchenga, zibwerere. Pamenepo mudzati chiyani?"

"Nidzati pepani. Sinili na pepala lokukakamizani, mulamu, ndipo sininabwere monga sikauti. Munda ni wanu. Nafuna chabe muone."

Anatsika pachulu. Meshack anali wokwiya, ndipo chimene chinkamukwiyitsa kwambiri n'chakuti panalibe womukwiyira.

Masiku anapita, kumwamba kuli mbee. Nthawi zina masana mitambo inkaunjikana kumapiri a Muchinga, yoyera ngati thonje, anthu n'kumaiyang'ana atagwira m'chiuno, koma pofika madzulo inali itabalalika. Amayi anasiya kufukula mumtsinje. Ankanyamuka m'bandakucha pamzere, zigubu m'manja, ndipo pobwerera ankadutsa pafupi ndi mpanda wa Meshack osapereka moni. Eneless yekha ndi amene ankaima.

"Ana ako adzuka bwanji?" ankafunsa, akuloza mitengo. "Akayamba kuyankhula undiuze, ndidzawafunse ngati akudziwa kutunga madzi."

Tsiku lina Dorcas anachedwa kubwera. Dzuwa linafika pamutu, linapendeka, iye osaoneka. Meshack anayenda kukamuchingamira, ndipo anamupeza atakhala pansi pa mlambe m'mbali mwa njira, chigubu chili pakati pa miyendo, Chanda ali pabere. Mwanayo ankayamwa, n'kusiya, n'kulira kulira kopanda misozi, n'kuyamwanso. Zidendene za Dorcas zinali zitang'ambika, fumbi litamatirira pamagazi.

"Mutu unazungulira," anatero Dorcas. "Nagwa. Ena atayika."

Meshack ananyamula chigubucho. Chinali chopepuka, ndipo madzi otsalawo anali ofiirira, onunkha mvuu. Anayembekezera kuti mkazi wake amulalatira njira yonse, ndipo mumtima ankafuna kuti atero. Koma Dorcas anangoyenda pambuyo pake mwakachetechete. Atafika kunyumba anatenga mphika, nathiramo ophikira. Anathira ena m'botolo, a mwana. Kenako anatenga beseni laling'ono, nakhuthuliramo otsalawo mpaka dontho lomaliza, n'kulikankhira kumapazi a mwamuna wake.

"Tengani. Ni a mitengo."

Meshack anamuyang'ana kumaso kuti aone ngati akumunyogodola. Ayi ndithu, sankamunyogodola. Anali atangotopa, kutopa kwa munthu amene wasiya kulimbana.

"Nanga inu mumwa chiyani?"

"Namwa kuthamanda."

Meshack anachita manyazi, manyazi enieni amene anali asanawamvepo chibadwire. Anawerama, nanyamula beseni lija ndi manja awiri, nakaliika pamiyendo pa Dorcas. Kenako analowa m'nyumba n'kutuluka ndi nkhwangwa.

Mpanda wa kankhande suchoka mwaulemu. Unamugwira malaya, unamukala m'manja ndi m'miyendo, ngati ukumufunsa kuti waganiza bwino. Anakoka nthambi imodzi imodzi n'kumaziponya kuphompho, kuyambira mbali ya kutchire, kenako mbali ya kumtsinje. Anamasula chitsulo chija n'kuchigubuduza, chinapita chikulira mpaka kumchenga. Eneless, amene ankachokera kokatola nkhuni, anaima n'kutsegula pakamwa kuti anene kanthu, koma ataona nkhope ya mlongo wakeyo anatula nkhuni, nayamba kukoka nawo minga. Aka kanali koyamba Meshack kuona Eneless akugwira ntchito ali chete.

Atamaliza, Meshack anayenda pakati pa mitengo yake, akuigwira masamba umodzi umodzi. Anawoloka mchenga, nakwera phompho la kutsidya podzera pamizu ya mkuyu, nakhala pansi miyendo ili lende. Hosea anabwera n'kukhala pambali pake. Kumbuyo kwawo anthu anayamba kusonkhana, amayi ndi abambo, akunong'onezana. Dorcas anafika pomalizira, Chanda ali kumsana, naima chapatali.

Njovu zinatulukira dzuwa litafiira. Yothyoka nyanga ija inafika pamene panali mpanda, niima. Inanunkhiza pansi, inanunkhiza m'mwamba, inabwerera pang'ono, n'kuimanso. Inaima motalika kwambiri moti Meshack anayamba kuyembekezera, Mulungu amukhululukire, kuti ibwerera. Kenako inaponda mkati.

Kuchokera kutsidya, zonse zinkaoneka zochitika pang'onopang'ono, ngati m'madzi. Chitamba chinakulunga mtengo woyamba, n'kuuzula monga mayi azulira bonongwe, n'kuukutumula dothi pabondo. Zinzake zinalowa, zinabalalika m'mundamo. Kunkamveka kuthyoka kwa nthambi, thyo, thyo, ndi kugunda kwa m'mimba mwa njovu, kotsika ngati bingu lakutali. Kenako mphepo inatembenuka, ndipo fungo linawoloka mtsinje. Linali fungo la maluwa ndi masamba ophwanyika ndi makungwa osendeka, lamphamvu kuposa tsiku lina lililonse, lodzaza chigwa chonse. Anthu anasiya kunong'ona. Meshack analira, misozi ikutsika m'fumbi la kumaso, ndipo sanaibise.

"Limbani, mulamu," anatero Hosea, osamuyang'ana.

Zitatha kudya zinatsikira kumchenga pamzere. Zinadutsa maenje onse a amayi osaima. Zinadutsa dzenje lokongola la Meshack, kamwana kaja n'kusuzumiramo pang'ono. Yaikulu ija inkayenda chitamba chili pansi, ikuchikweza, ikuchitsitsa, mpaka inafika pokhota mtsinje, pansi pa mtengo wa nsangu wopendama, pamalo pamene panalibe amene anaganizapo zokumba chifukwa mchenga wake unali wokwera. Inaima. Inayamba kupalasa ndi phazi lakutsogolo, kutsogolo ndi kumbuyo, kenako kutapa ndi chitamba n'kumaponya pambali. Inakumba mpaka chitamba chonse chinalowa, inagwada, inakumbanso. Ndiye inangokhala duu, chitamba chili m'dzenje, ikudikira.

Mdima unayamba kugwa anthu asanaone chimene chatulukamo. Hosea anaimirira nauza onse kuti azipita, pamtsinje tsopano panali pa eni ake.

M'mawa kusanatenthe, amayi anatsika ndi ndowa, akutsata mapazi aakulu ozungulira. Meshack anawatsatira chapatali, manja ali kumbuyo, ngati munthu wopita kumaliro a kwa eni. Asanafike pokhota paja anamva nthungululu. Anali Eneless.

Maenje anali angapo, opapatiza, akuya kufika paphewa la munthu. Pansi pa lililonse panali kadiso ka madzi, koyera, kosefedwa ndi mchenga, ndipo ukatunga ndi chikho ankabwereranso pang'onopang'ono. Njiwa zinali zitadzaza mumtengo wa nsangu. Kutsidya anyani anali atakhala pamzere, akudikira kuti anthu amalize. Pafupi ndi dzenje lina panali mabondo awiri aang'ono osindikizika mumchenga, pamene njovu ina inakulitsa pakamwa pa dzenjelo kuti kamwana kaja kafikire.

"Iwe wa ku Kopala," anaitana Eneless, maso ali onyowa, "bwera udzaone mmene amakumbira anzako opanda chipewa."

Amayi anaseka, ndipo mmodzi wa aja anasiya kupereka moni anamutambasulira chikho. Meshack anamwa. Madziwo anali ozizira mpaka kumva m'mano, ndipo ankanunkhira njovu pang'ono.

Pobwerera anayenda ndi Dorcas, iye atanyamula Chanda, Dorcas ndowa yodzaza pamutu. Njira yokwerera kumudzi tsopano inali yomweyo, Potsikira Njovu. Munda unali utasanduka bwalo la zitsa, maenje ndi ndowe zatsopano. Koma chakumphepete, pafupi ndi phompho, mtengo umodzi unali chiimire, wathunthu, maluwa ake ali mbuu, njuchi zikuuzungulira ngati palibe chachitika.

Hosea anali ataima pomwepo, akuuyang'ana. "Uyu zamuiwala," anatero. "Minga ikalipo pansi apo. Tingamuzinge, uyu yekha, kampanda kang'ono."

Meshack anayang'ana mtengowo, nayang'ana njira. Pakati pa mtengo ndi phompho la mbali inayo panali malo okwanira, koma iye anali ataona mmene yothyoka nyanga ija inaimira pamene panali minga, ikukayika.

"Zikaona minga zibwerera," anatero. "Musiyeni."

Dorcas anayamba kukwera chitunda, koma ndowa inali yodzaza kwambiri, ndipo phazi lililonse madzi ankakhavukira kumaso ndi m'khosi. Anaima, akuyang'ana uku ndi uku. Mkazi akasenza ndowa yodzaza amaika masamba pamwamba kuti madzi asatayike, koma pamalo onsewo panalibe tsamba lina laliwisi.

"Tsitsani," anatero Meshack.

Anapereka mwana kwa Hosea, napita pamtengo uja. Anasankha nthambi yamasamba ambiri, ya maluwa, naigwira kanthawi. Kenako anaithyola yekha, naiyala pamadzi, n'kumusenzetsa mkazi wake.

Dorcas anakwera chitunda chonse, ndipo sipanagwe ndi dontho lomwe.